Yofiira Inali Yawo, Yakuda Yanga

Amuna anga atamwalira anandisiyira ngolo ndi ng'ombe ziwiri zokoka. Chaka chisanathe imodzi inafa. Inameza majumbo kudzala, mimba n'kutupa ngati ng'oma, ndipo tinangoiyang'ana ikutha, chochita palibe. Inatsala yakuda, ya banga loyera pamphumi. Tsono ng'ombe imodzi pangolo mungapite nayo kuti? Goli limafuna makosi awiri. Ngolo ija inangokhala pansi pa mtengo wa mapichesi kuseri kwa nyumba, nkhuku n'kumaikiramo mazira.

Tsiku lina m'mawa ndikusesa pabwalo anatulukira asuweni anga, mwana wa azakhali anga. Kwawo kunali ku Lobi, koma anadzakwatira m'mudzi mwathu muno, n'kumanga nyumba tsidya la kamtsinje. Iwowo anali ndi ng'ombe imodzi yofiira, yofula kale, imene anabwera nayo kuchokera kwawo ili kathole. Ngolo analibe.

Munthu ndi msuweni wake sapatsana moni wolongosoka ayi. Kuyambira tili ana iwo ankanditcha mkazi wawo, ine n'kumawatcha mwamuna wanga wosathandiza, ndipo ukalamba sunachotsepo kanthu.

"Akazanga," anatero ali chiimire, manja kumbuyo, "ngoloyi mwaipereka kwa nkhuku?"

"Nanga nditani, amunanga osagula ndi mchere womwe? Bwerani ndikumangeni pagoli inuyo, muzikoka ndi yakudayi."

"Khosi langali ndi la tayi, mayi. Koma kwathuko kuli yofiira ikungodya udzu waulere. Bwanji tiziphatikize?"

Zinayamba choncho basi. Sitinalembe kalata, sitinaitane mboni. Amene anamva ndi akazi awo okha, mayi wofatsa wosachulutsa mawu, amene ine ndinkawatcha mkazi mnzanga. Iwo anangoseka n'kunena kuti, "Atengeni ndithu, mwina kwanuko akagwirako ntchito."

Ng'ombezo sizinamvane msanga. Mwezi wathunthu asuweni ankazimanga pagoli n'kumazikoketsa chipika kuzungulira bwalo la mpira, zikugundana, zikukankhana, ina ikafuna uku inzake ikufuna uko. Anthu ankaima m'njira kuonerera. Kenako zinangozolowerana, yofiira kumanja, yakuda kumanzere, ndipo kuyambira pamenepo zinkadyera pamodzi, kumwera pamodzi, kugona mogundanitsa misana m'khola mwanga.

Ntchito tinagawana chonchi. Iwo ankayendetsa ngolo, kumata matayala akaphulika, kusema goli lina likathyoka. Ine ndinkasunga ng'ombe, kuzidyetsa, kuzipatsa madeya ndi mchere, kuziunjikira mapesi a m'chilimwe. Wosaka katundu ndinalinso ine. Ndikapita kutchalitchi, kuchigayo, kaya kumaliro, ndinkabwerako nditamva kuti uje akumba mbatatesi Lachiwiri, uje waotcha njerwa, uje akufuna kututa chimanga chiswe chisanamalize. Tsiku lamsika ndinkakwera nawo mpaka pa Linthipe, iwo akutsitsa matumba ine ndikuzungulira kufunafuna katundu wobwerera naye. Malipiro ake, ulendo uwu wawo, wotsatira wanga. Ulendo wina unkakhala wonona, wina wowonda, koma sitinkayeza. Ndowe za m'khola, chaka chino kudimba kwawo, chaka chamawa kwanga.

Kukangana tinkakangana, sindibisa. Asuweniwo munthu akadwala m'mudzi ankamunyamula ulere kupita naye kuchipatala, n'kudzandiuza madzulo kuti ulendo umenewo unali wanga.

"Bwanji maulendo a Mulungu onse amagwera ine?" ndinkatero.

"Ndikukukonzerani malo kumwamba, akazanga. Ndi pakamwa panupo njira ina yolowera mulibe."

Tinayenda choncho zaka zisanu ndi zitatu. Malata a nyumba yanga anachokera pamakosi a ng'ombe ziwirizo, ndipo m'miyezi ya njala pakhomo panga sipankagona anthu osadya.

Asuweni anadwala nthawi yachisanu, anthu ali kalikiliki kukumba mbatatesi. Anayamba ndi chifuwa, n'kumati ndi mphepo chabe ya m'mawa. Tsiku lachitatu anapita nawo kuchipatala, kumeneko akuti chibayo, tsiku lachisanu uthenga n'kufika. Maliro tinakaika ku Lobi, poti mkamwini amabwerera kwawo. Pamaliro a msuweni wako anthu amayembekeza kuti uchite nthabwala, uvale chipewa cha malemu, uyende monga ankayendera, kuti ofedwa asekeko pang'ono. Chipewacho anandipatsa ndithu. Ndinangochigwira m'manja, osachivala.

Patapita sabata ziwiri, kumeta kutachitika, anabwera alongo awo a malemu kudzaona za katundu. Ndi mayi wamkulu kuposa ine, woyenda ndi ndodo. Nawonso ndi msuweni wanga, ndipo ndimawatcha alamu, koma sitinazolowerane kwenikweni chifukwa cha kutalika kwa mtunda. Anabwera ndi mwana wawo wamwamuna, bambo wapabanja pake, amene amayendetsa njinga yamoto ya kabaza ku Lobi konko. Tinakhala pakhonde pa mkazi mnzanga, ine atandiitana chifukwa ng'ombe inali m'khola mwanga.

Ndisawanamizire, sanali anthu olanda. Nyumba, mbuzi, njinga yakapalasa, makasu, mbatatesi zimene malemu anasiya ataunjika m'chipinda, zonsezo anati zikhale ndi mkazi. Anatenga jekete limodzi ndi nsapato za kutchalitchi. Kenako alamu anagogoda pansi ndi ndodo.

"Koma ng'ombe ija ndi ya kwathu. Inabadwira m'khola la amayi athu. Mlongo wangayu moyo wake wonse wamanga mudzi wa eni, ife tinkangomva mphekesera kuti ali ndi ngolo. Lero wabwerera kwathu ali m'bokosi, ndipo womumangira chiliza ndine. Ndimumangira ndi chiyani? Ndi ndodoyi?"

Mkazi mnzanga anawerama, akukonza mpango kumutu wometa uja. "Zoona, alamu. Ng'ombe ndi yanu."

Ine ndinayesa njira yathu yachisuweni. "Alamu, mwanditengera mwamuna, mukufuna munditengerenso ng'ombe yake?"

Palibe anaseka. Ndinachita manyazi, n'kuona kuti womvera nthabwala zanga uja wapita nazo. Ndiye ndinalankhula mwachindunji.

"Ng'ombe ndi yanu, sindikukana. Koma mukaichotsa, yanga yatha ntchito. Ng'ombe yokula ngati imeneyo kuti izolowere inzake yatsopano pamafunika munthu wodziwa, ndipo munthuyo ndi amene tamuika uja. Yogulira ina ndilibe. Ine ndimadya pangolo imeneyi. Bwanji muisiye kaye mpaka ntchito ya chaka chino ithe, ndipeze woyendetsa, gawo la malemu ndizikutumizirani?"

Anayankha ndi mwana wa alamu, mwaulemu ndithu, atagwira chipewa chake chapanjinga pabondo.

"Amayi, zimenezo ndi zimene zimadanitsa abale. Lero mutumiza, mawa tayala laphulika, mkuja woyendetsa wathawa. Atsibweni ankakukhulupirirani chifukwa ankaona ndi maso awo. Ife tili kutali, tidzayamba kukuganizirani zoipa pachabe. Ndalankhula kale ndi butchala wa pa Linthipe, akuiyembekeza tsiku lamsika."

Butchala! Mawu amenewo anandilasa pamtima. Ng'ombe imene ndinaidyetsa mchere m'dzanja langa zaka zonsezo, akaipachike pachitsulo. Koma mwanayo sananame, ndipo ndikanakhala ine ndili kutali ndikanalankhula zomwezo. 

Tsiku lamsika m'mawa mwana wa alamu anabwera ndi chingwe chatsopano, kalata ya amfumu yogulitsira ng'ombe ili m'thumba la malaya. Alamu anali atagona kwa mkazi mnzanga masiku onsewo, ndipo onse awiri anabwera kudzaonerera. Anaimanga yofiira m'nyanga n'kuitulutsa. Inayenda bwinobwino mpaka kumapeto kwa bwalo. Apo yakuda inalira m'khola, yofiira n'kuima nji.

Anakoka, osasuntha. Anaitana amuna awiri a nyumba zoyandikana, wina kukankha kumbuyo, wina kupotokola mchira. Ng'ombe inangogwada, kenako n'kugona pansi pakati pa njira, mutu utaloza kukhola. Uku yakuda yathyola kale mtengo umodzi wa pakhomo, ikufuna kutuluka.

"Imeneyi simupita nayo yokha," ndinatero. "Chiyambireni sinayendepo popanda inzake. Muipweteka chabe."

"Ndiye titani, amayi?" anafunsa mwana wa alamu, thukuta lili chuchuchu ngakhale kunkazizira.

Amene anapeza nzeru ndi mkazi mnzanga. "Mbatatesi zija zayamba kumera m'chipinda. Ngati ng'ombe zikupita zonse ziwiri, bwanji zipite ndi ngolo, zinditengereko matumba anga?"

Aliyense anati zoona. Inenso ndinavomera, nditakumbukira kuti ulendo womaliza asuweni asanadwale unali wanga, ndiye wotsatirawu unali wawo. Ndinati m'mtima, aulandire ndithu, ngakhale yanga ikhale yoperekeza inzake kokaphedwa.

Mwana wa alamu anafuna kuonetsa kuti naye ndi mwamuna, n'kumanga yekha ng'ombe pagoli. Anaika yofiira kumanzere, yakuda kumanja. Atangoti tiyeni, ng'ombe zinatembenuza matako kunja n'kuyang'anizana maso, ngolo n'kupendekeka.

"Bambo, mwaziveka nsapato mosemphanitsa," ndinatero. "Njinga yanu ija tayala lakutsogolo mumaika kumbuyo?"

Amuna aja anaseka, iyenso anaseka. Ndinazimasula n'kuzisintha, ndipo zinaima phee ngati ana a sukulu pamzere. Tinakweza matumba asanu ndi limodzi, alamu n'kuwakhazika pamwamba. Ine ndinagwira chingwe kutsogolo, mwana wa alamu kumbuyo kuti azigwira ngolo potsetsereka, mkazi mnzanga pambali.

Kuyendetsa ine sindidziwa, koma tsiku limenelo panalibe choyendetsa. Ng'ombe zinkadziwa njira kuposa ife. Pamene pali dzenje zinkapatuka zokha, potsetsereka zinkachepetsa zokha, pamtsinje zinaima n'kumwa, zitakhuta n'kunyamuka. Anthu m'madimba ankaimika makasu kutiyang'ana. Mayi wina amene anali chowerama atamva kulira kwa matayala anakuwa osadzuka n'komwe, "Mwadzuka bwanji abambo oseka?" Atadzutsa mutu n'kutiona, anagwira pakamwa.

Titafika pa kagolosale kena ka m'mbali mwa njira, ng'ombe zinapatuka n'kukaima pansi pa mtengo wa bulugamu. Ndinakoka, osatheka.

"Zatopa kodi?" anafunsa alamu ali pamwamba paja.

Ine ndinkadziwa chifukwa chake, koma ndinayang'ana kumbali. Mwini golosale anatuluka, ndipo ataona kuti ndi ife anabwera kudzatipepesa. Ndiye pofuna kuwatamanda malemu anati, "Bambo amenewa sankadutsa pano osaima. Ndudu ziwiri, imodzi yosuta pompano, ina yapobwerera."

Mkazi mnzanga anandiyang'ana. "Ndudu? Si anandiuza kuti anasiya chaka chimene anadwala mutu chija?"

"Ine ndinkayang'ana ng'ombe, mkazi mnzanga, za pakamwa pawo sindinkaona."

"Bodza! Nonse awiri munali amodzi!"

Aka kanali koyamba kuwamva akukweza mawu chichitikireni maliro. Alamu pamwamba paja anaseka mpaka kutsokomola. "Ameneyo anayamba kuba fodya wa atate ali kamwana. Ndinkamubisira ndine." Kuchokera apo mpaka pamsewu wa tala, alamu ankangofunsa za mlongo wawo. Apa ankatani, uyu watipatsa moniyu ndani, mlathowu ankadutsa bwanji mvula ikagwa. Ife n'kumawauza. Ng'ombe zinaima pabulugamu paja nthawi yokwana kusuta ndudu imodzi, kenako zinanyamuka zokha.

Pa Linthipe tinafika dzuwa litakwera. Mbatatesi sizinachedwe, mavenda opita nazo ku Lilongwe anazilanda zonse tisanatsitse n'komwe. Mwana wa alamu anapita kukaitana butchala. Anabwera bambo wamkulu thupi, wovala jombo zamphira, akupukuta manja pa chinsanza. Anaizungulira yofiira, kuitsina pamsana, kuiyang'ana mano, n'kuwerenga kalata ija.

"Chabwino, masulani," anatero. Kenako anayang'ana ngolo, anayang'ana yakuda, anayang'ana ine. "Nanga ngoloyi ibwerera bwanji kumudzi? Kapena mbali inayi mukoka ndinu, agogo?"

Tinayang'anizana. Anthu anayi akuluakulu, kuonjezerapo amuna aja anatithandiza kukweza matumba, ndi onse amene tinakumana nawo m'njira, panalibe ndi mmodzi yemwe amene anaganizapo zimenezo. Zaka zonsezo ngolo inkapita n'kubwera, ndiye m'mitu mwathu kubwerako kunali ngati kulowa kwa dzuwa, kosafuna kukonzekera. Tinaganiza za kupita kokha.

Anayamba kuseka ndi alamu. Anaseka atatsamira tayala, ndodo n'kugwa pansi, ndipo kusekako kunasanduka kulira tisanazindikire. "Akanakhalapo mlongo wanga," ankatero akupukuta m'maso ndi chitenje, "akanatiseka mpaka chaka chamawa."

Butchala sanafune kutaya nthawi. "Musavutike. Yakudayo ndipatseninso, ngakhale yakalamba. Ngolo mugulitse kwa owotcherera zitsulo aja, mukwere galimoto muzipita."

"Yanga siipita kumpeni," ndinatero.

"Amayi, ine ndinapereka mawu kwa bambowa," anatero mwana wa alamu. "Yofiirayi itsale. Ngolo tiisungitse kwa munthu, yakuda muyende nayo pansi."

"M'mawa uja simunaone? Yakuda ichoka pano inzake itatsala?"

Ndili chiimire pamenepo, dzanja lili pagoli, ndi pamene ndinaona chimene ndinkachikana masiku onse aja. Ine ndinkalimbana kuti ngolo izindidyetsabe ngati kale. Koma woyendetsa kulibe, ng'ombe inayo ndi ya eni, ndipo eni akewo ali ndi chosowa chawo choona. Ntchito yathu ndi asuweni inathera kuchipatala kuja. Chimene chinatsala m'manja mwanga ndi chimodzi, kuti ng'ombe ziwirizi zisiyane pamsika pano, kapena zipite limodzi kwa munthu wozigwiritsa ntchito. Ndipo kuti zipite limodzi, ndinayenera kutaya yanga, ndi ngolo yomwe.

Ndinatembenukira kwa alamu. "Ndipatseni mpaka dzuwa lipendeke. Ndikapeza wogula zonse ziwiri pamodzi ndi ngolo, gawo lanu silichepa kuposa la bambowa. Ndikalephera, yofiira atenge, za yanga ndidziwa ndekha."

Mwana wawo anayamba kunena za mawu ake aja, koma alamu anamudula. "Mawu unaperekawo ndi ako, ng'ombe ndi yanga. Adikire."

Ndinamanga chitenje n'kulowa mumsika. Ntchito imeneyo ndiye ndinkaidziwa, kungoti kale ndinkasaka katundu wa ngolo, lero ndikusaka wotenga ngoloyo. Ndinayamba ndi ogula chimanga pasikelo, ndinapita kwa amayi a tomato, kwa ogulitsa matabwa, kwa okonza njinga. Ambiri ankayesa ndikucheza.

"Agogo, inu mungagulitse ngolo ija? Ndiye muzitukwana ndani m'njira?"

Ena ankafuna ngolo yokha. Wina anafuna yakuda yokha kuti aphatikize ndi yake, ndinamukanira. Miyendo inayamba kuwawa, kukhosi kutauma, ndipo ndikatembenuka ndinkaona butchala uja patali atakhala pa benchi, akuyang'ana dzuwa. Ndinatsala pang'ono kubwerera. Ndiye mayi wina wogulitsa kabichi, amene tinkamunyamulira katundu nthawi zambiri, anandikoka dzanja.

"Pitani kusitolo ya feteleza. Kuli aphunzitsi opuma ntchito a cha ku Kasina, amalima kwambiri. Ng'ombe zawo zonse ziwiri anaba akuba mwezi wathawu, chimanga chawo chikadali kumunda."

Ndinawapeza akutuluka, bambo wamtali wa imvi, atanyamula kathumba ka mbewu. Nditafotokoza anati, "Ngolo ya bambo oseka aja? Amwalira? Pepani, mayi, pepani ndithu. Ndinkaisirira ngolo imeneyo ikamadutsa."

Anabwera nane. Iwo sanatsine msana ngati butchala. Anayang'ana makosi pamene pamakhala goli, ananyamula ziboda chimodzichimodzi, anagwedeza matayala, kenako anapempha kuti ayendetseko. Anakwera, analankhula nazo motsitsa mawu osakweza mkwapulo, ndipo ng'ombe zinanyamuka, kuzungulira kuseri kwa msika n'kubwerera pomwe tinaima. Atatchula mtengo, wa yofiira yokha unaposa wa butchala, poti ng'ombe yophunzira ntchito si nyama wamba. Mwana wa alamu anakapepesa kwa butchala, amene anachoka akung'ung'udza kuti tamudyetsa dzuwa pachabe.

Koma aphunzitsi atawerenga kalata ija anapukusa mutu. "Muno mwalembedwa ng'ombe imodzi yofiira. Ine andibera kumene, sindingatenge ng'ombe yopanda kalata, ngakhale mwini wake ali pano. Tiyeni ndikuperekezeni kwanu, ndione khola, ndione amfumu. Pakatha masiku atatu ndibwera ndi ndalama ndi mboni."

Choncho ngolo inabwerera kumudzi ndi ng'ombe zake zonse, woyendetsa ali mlendo. Mwana wa alamu anakhala kutsogolo ndi aphunzitsi, ife amayi atatu kumbuyo pamatumba opanda kanthu. Tili pachikweza alamu anandigwira bondo.

"Nanga inu muzidya chiyani tsopano?"

"Dimba lilipo, manja alipo."

"Mundida?"

"Ndikudereninji, alamu? Wandilanda ngolo si inu, ndi uja wagona kwanuyo. Moyo wake wonse ankandigwetsera maulendo aulere, womalizawu wandigwetseranso."

Apa ndiye anaseka onse awiri, ndipo alamu sanachotse dzanja pabondo panga mpaka tinafika.

Masiku atatu aja ndinazidyetsa ngati za ukwati. Madeya onse amene ndinasungira chilimwe ndinawathira m'mbiya yosweka n'kuziikira. Aphunzitsi anabwera monga ananenera. Tinakhala kwa amfumu, kalata inalembedwa, ine ndinadinda chala. Za yofiira analandira alamu, za yakuda ndinalandira ine. Za ngolo ndinagawa pakati, theka n'kupereka kwa mkazi mnzanga, chifukwa kunena zoona pangolo imeneyo za amuna anga enieni aja zinatsalapo ndi matabwa apansi okha. Matayala, chitsulo cha matayala, goli, zonse anasintha ndi asuweni, zina ndi ndalama za maulendo awo. Mkazi mnzanga anakana, akuti ngolo anaipeza ili yanga.

"Landirani," ndinatero. "Mwamuna tinagawana popanda ndewu, ngolo itikanike?"

Analandira.

Pomanga ng'ombe ndinawauza aphunzitsi zonse zimene ndinkadziwa. Yakuda imaopa mlatho wamatabwa, muzitsika n'kuitsogolera. Yofiira musaimenye kumaso, imasunga mkwiyo. Zikakana kudya, mchere pang'ono m'madzi. Iwo ankangoti inde mayi, inde mayi, ngati mwana wa sukulu. Ndinaziperekeza mpaka pakamtsinje, n'kubwerera.

Chiliza alamu anamanga chisanathe chaka, ndipo anatiitana. Tinapita ndi mkazi mnzanga pa njinga ya mwana wa alamu, tonse awiri kumbuyo, tikukuwa m'makona monse. Ndalama zanga ndinagula nkhumba ziwiri ndi feteleza. Mbatatesi zanga masiku ano zimakwera ngolo ya eni, ndipo ndimalipira ngati wina aliyense. Miyezi ina zimavuta ndithu, sindinganame.

Ng'ombezo ndinadzazionanso kamodzi kokha. Tinapita ku Kasina ku ukwati wa mwana wa mnansi, ndipo potuluka m'tchalitchi ndinamva matayala akulira kumsewu. Zinali zomwezo, zonse ziwiri, zikukwera chitunda ndi njerwa zodzaza ngolo, aphunzitsi akuyenda pambali. Zinali zitakalambako, koma nthiti sizinkaoneka. Ndinatsegula pakamwa kuti ndiitane yakuda. Ndiye ndinaona kuti pamene zinali ndi pokwera, katundu ndi wolemera, ndipo ikanamva mawu anga ikanatembenuka, ngolo n'kubwerera m'mbuyo. Ndinaima kuseri kwa amayi anzanga mpaka zinafika pamwamba n'kukhota.